Mmisiri amene adamanga Fort Knox osalowamo

Filimu ya James Bond yotchedwa Goldfinger itatuluka mu 1964, anthu miyandamiyanda adaona mkati mwa Fort Knox, nyumba ya ku Kentucky kumene boma la America limasungirako golide wake. Adaona chipinda chachitali zedi, mipiringidzo yachitsulo yonyezimira kuchokera pansi mpaka kudenga, ndipo kuseri kwa mipiringidzoyo golide atasanjidwa nsanjika zingapo. Zonsezo lidali bodza. Ojambula filimuyo adangololedwa kuona nyumbayo kunja. Zamkatizo zidachokera m'mutu mwa munthu mmodzi, Ken Adam, ndipo adazikhoma ndi akalipentala a pa situdiyo ya Pinewood, kumadzulo kwa London.

Adam ankadziwa kuti akunama. Golide ndi wolemera: njerwa imodzi ya golide ya m'mabanki imapyola makilogalamu 12, choncho kumene amamusunga samusanja patali. Koma iye adaona kuti munthu amene wagula tikiti sadabwere kudzaona kachipinda ka pansi pa nthaka kokhala ndi timilu tolekeza m'mawondo. Adafuna kuti woonerayo amve kuti wafika pamene pali chuma chonse cha dziko lolemera kwambiri pansi pano, ndiponso kuti chumacho chili m'ndende. Iye mwini ankasimba kuti filimu itatuluka, kampani ya United Artists idalandira makalata a anthu a ku America okwiya, ofunsa kuti zidatheka bwanji kulola Angerezi kujambula m'malo oletsedwa chonchija.

Ntchito imene Adam ankagwira amaitcha production designer. Mwini ntchitoyi saoneka pa kanema, ndipo dzina lake limadutsa anthu akudzuka kale m'mipando. Komatu chilichonse chimene kamera yaona, kupatula nkhope ya wosewera, chadutsa m'manja mwake: khoma, chitseko, mtundu wa penti, mpando, kapu ya patebulo, ngakhale fumbi la pawindo. Amawerenga nkhani yolembedwa, kukhala pansi ndi dayirekitala, n'kuyamba kujambula papepala mmene malo alionse adzaonekere. Zojambulazo zimapita kwa olemba mapulani, kenako kwa akalipentala, opaka pulasitala, owotcherera zitsulo ndi apenti. Amayendanso kukasaka malo enieni ojambulirako, ndipo tsiku lililonse amalimbana ndi osunga chikwama. Munthu woyamba kupatsidwa udindo umenewu ndi dzina lakeli adali William Cameron Menzies, pa filimu ya Gone with the Wind ya 1939. Adam adadzagwira naye ntchito pa Around the World in 80 Days mu 1956, ndipo ankamutenga ngati mphunzitsi wake, amene adamulimbikitsa kusaopa kukokomeza.

Adam sadabadwe Mngerezi. Adabadwira ku Berlin pa 5 Febuluwale 1921, dzina lake Klaus Hugo Adam, m'banja la Chiyuda lochita bwino. Bambo ake, a Fritz Adam, adamenyera nkhondo dziko la Germany pa nkhondo yoyamba ya dziko lonse, ndipo iwo ndi abale awo adali ndi sitolo yaikulu yogulitsa zovala ndi zipangizo zamasewero yotchedwa S. Adam. Berlin ya masiku amenewo idali likulu la mamangidwe atsopano ndi mafilimu a mithunzi ndi makoma opendekeka, monga The Cabinet of Dr. Caligari ya 1920. Mwanayo adakulira m'zimenezo. Hitler atatenga boma mu 1933 zinthu zidasintha msanga. Bambo ake adamangidwapo kwa kanthawi, bizinesi idagwa, ndipo mu 1934 banjalo lidathawira ku Britain. A Fritz adamwalira mu 1936. Mayi ake ndiwo adasunga banja potsegula nyumba ya alendo ku Hampstead, kumene kunkafikira othawa kwawo anzawo.

Mnyamatayo ankakonda kujambula. Vincent Korda, mmisiri wa ku Hungary amene ankakonza malo a mafilimu ku London, adamulangiza kuti ngati akufuna ntchito imeneyi ayambe waphunzira zomangamanga. Adalowa sukulu ya Bartlett, ndipo nkhondo itayandikira ankagwira ntchito pa kampani imene inkalemba mapulani a nyumba zobisalamo mabomba. Mfundo iyi ndi yofunika kuigwira, chifukwa zipinda zambiri zimene adatchuka nazo pambuyo pake n'za pansi pa nthaka, za konkire, zopanda windo.

Pa nkhondo adayamba ndi gulu la asilikali ogwira ntchito zamanja la Pioneer Corps, limene linkalandira anthu ochokera m'maiko a adani. Adakakamira mpaka adamulola kulowa gulu la ndege la RAF, ndipo mu 1943 adafika ku 609 Squadron, kumene ankayendetsa ndege ya Hawker Typhoon yoponya maroketi pa akasinja. Adali mmodzi mwa anthu owerengeka obadwira ku Germany amene adayendetsa ndege zankhondo za Britain. Pa mapepala adali akadali nzika ya Germany, ndiponso Myuda. Akadagwidwa, sakadamusunga ngati mkaidi wa nkhondo. Adamenya nawo nkhondo ya ku Falaise, ku Normandy, mu 1944.

Atavula yunifolomu adayambira pansi, ngati wolemba mapulani pa filimu ya This Was a Woman ya 1948. Zaka zotsatira adadziwika ndi ntchito yachilendo, yosandutsa mabwato akale kukhala zombo za makedzana, pa mafilimu monga Captain Horatio Hornblower ndi The Crimson Pirate. Pojambula filimu yachiwiriyi pa chilumba cha Ischia ku Italy, adakumana ndi Letizia Moauro, amene adakwatirana naye mu 1952. Mkazi ameneyu ali ndi gawo lake m'nkhaniyi. Adam ankajambula monga adaphunzirira kusukulu, ndi pensulo ndi rula, mzere ulionse pamalo pake. Letizia ndiye adamuuza kuti zojambula zake zamsangamsanga zili ndi moyo kuposa zosamalitsazo. Adasiya rula natenga cholembera cha inki yakuda chotchedwa Flo-Master, cha nsonga yonenepa. Ndi chimenechi sungachedwe ndi tizinthu ting'onoting'ono. Umakoka mizere ikuluikulu, kudetsa pamene pali mdima, kusiya poyera pamene kuwala kukugwera. Ukaona zojambula zake lero, umapeza kuti kuwala adakuika kale papepala, wojambula ndi kamera asadabwere n'komwe.

Mwayi wa Bond udadza kudzera mwa wopanga mafilimu Albert Broccoli, amene adagwira naye ntchito pa The Trials of Oscar Wilde mu 1960. Filimu yoyamba ya Bond, Dr. No ya 1962, idali yotchipa: yonse idadya pafupifupi madola 1 miliyoni, ndipo Adam adapatsidwa mapaundi pafupifupi 20,000 a malo onse ojambulirapo. Chipinda chimene akatswiri amachikumbukira kwambiri m'filimuyi chidamangidwa ndalama zitatsala pang'ono kutha, ndi mapaundi osakwana 1,000. Ndi chipinda chimene Professor Dent amapita kukalandira kangaude woti akaphere Bond. Mulibe kanthu koma mpando umodzi, tebulo ndi chitseko. Denga ndi lopendekeka, ndipo pakati pake pali bowo lalikulu lozungulira lotchingidwa ndi mipiringidzo, imene mthunzi wake umagwera pakhoma. Dr. No mwiniwake saoneka, amangomveka mawu. Munthu wokhala pampandopo amaoneka wochepa, wogwidwa kale mu msampha, ndipo woonera amayamba kumuopa Dr. No asadamuone. Kwa ine, apa ndi pamene pali luso lonse la ntchitoyi, kuposa m'zimphona zimene adadzamanga pambuyo pake: chipinda chanena zimene wosewera sadanene.

M'filimu yomweyi muli nthabwala imene Angerezi a nthawiyo adaimva msanga. Mu 1961 munthu wina adaba chithunzi cha Duke of Wellington, chojambulidwa ndi Goya, ku National Gallery ku London, ndipo apolisi adali asadachipeze. Adam adapenta chofanana nacho kumapeto a sabata imodzi nakachiimika m'nyumba ya Dr. No. Sean Connery, wosewera ngati Bond, akudutsa amachicheukira modabwa. Chenichenicho chidapezeka mu 1965.

Mmodzi mwa amene adaona Dr. No adali dayirekitala Stanley Kubrick, ndipo adamuitana kuti akonze malo a Dr. Strangelove, filimu yoseka misala ya nkhondo ya nyukiliya. Apa n'kuti patangopita miyezi yochepa dziko litatsala pang'ono kupsa pa mkangano wa mizinga ya ku Cuba mu Okutobala 1962. Pankafunika chipinda chimene pulezidenti wa America ndi akuluakulu a nkhondo amakumanamo. Adam adajambula chipinda cha nsanjika ziwiri, Kubrick adachikonda, ntchito n'kuyambika. Patapita milungu ingapo Kubrick adatembenuka: nsanjika yapamwambayo adzaikamo ndani, ndipo anthuwo azidzatani nthawi yonseyo? Adam adayambiranso, Kubrick ataima kumbuyo kwake. Chidatuluka ndi chipinda cha makona atatu, denga la konkire lotsetsereka, mapu aakulu a dziko atapendekekera anthu, pansi pakuda ponyezimira, ndipo pakati tebulo lozungulira la mamita pafupifupi asanu ndi awiri, pamwamba pake nyali yozungulira ngati mkombero. Kubrick adalamula kuti tebulolo aliyale nsalu yobiriwira ya pa tebulo la juga, ngakhale filimuyo idali ya black and white ndipo palibe woonera akadaona kubiriwirako. Ankafuna kuti osewerawo azimva kuti akutchova juga ndi moyo wa dziko. Pansi paja pankachita zikande msanga, moti ogwira ntchito ku situdiyo ya Shepperton ankavala zokutira nsapato zansalu.

Chipinda chotere ku Pentagon kudalibe. Komabe mpaka lero, anthu akamaganiza za kumene akuluakulu amagamulira nkhondo, chimabwera m'maso ndi chimenechi. Pali nkhani imene imakambidwa kawirikawiri yoti Ronald Reagan atalowa ku White House mu 1981 adapempha kuti akamuonetse chipindacho. Kaya idachitikadi kaya ndi nthabwala chabe, kufala kwake kukusonyeza mmene bodza la Adam lidakhazikikira.

Ena amati Adam ankangomanga zidole zodula za anyamata akuluakulu, ndipo pali pamene akunena zoona. Iye ndi mmisiri mnzake John Stears ndiwo adadzaza galimoto ya Bond ya Aston Martin DB5 ndi mfuti, nambala zotembenuka ndi mpando woponya munthu kunja. Mpandowo ankati udachokera ku moyo wake wa m'ndege, ndipo zina ankati kudali kulipsira mkwiyo wake pa anthu amene ankagunda galimoto yake ya Jaguar akaiimika m'misewu ya London. Koma taonani amene amakhala m'zipinda zakezo. Nthawi zonse ndi munthu mmodzi wopenga ndi ulamuliro, wobisala pansi pa nthaka kapena pansi pa nyanja, wozunguliridwa ndi asilikali a yunifolomu imodzi, akukonza zoononga dziko. Mwana amene adathawa Berlin ali ndi zaka 13 sadachite kuwerenga m'buku za anthu otere. Adawamangira nyumba zokongola, zoopsa, komanso zoseketsa pang'ono, ndipo kumapeto kwa mafilimu ambiri nyumbazo zimaphulitsidwa.

Mu 1965 adaonetsa kuti amathanso zosiyana. The Ipcress File, ya Michael Caine, ndi nkhani ya kazitape wosauka wa m'maofesi ozizira, wodziphikira yekha m'kakhitchini kake. Adam adaivula zonyezimira zonse, ndipo idamupatsa mphotho ya BAFTA, monga idachitiranso Dr. Strangelove.

Chimphona chidadza ndi You Only Live Twice ya 1967. M'buku la Ian Fleming mdani amakhala m'nyumba yachifumu m'mphepete mwa nyanja ku Japan. Adam, Broccoli ndi dayirekitala Lewis Gilbert adazungulira dzikolo pa helikopita kusaka nyumba yotere, osaipeza. Chimene adapeza pa chilumba cha Kyushu ndi mapiri ophulika, ena okhala ndi nyanja pamwamba. Maganizo adabadwira pomwepo: bwanji mdaniyo abise maroketi ake m'mimba mwa phiri, nyanja ya pamwambayo ikhale denga lotseguka? Pa ulendo womwewo adapulumukira m'kamwa mwa mbuzi. Adali ndi matikiti a ndege ya BOAC yonyamuka ku Tokyo pa 5 Malichi 1966, koma adasintha kuti akaonere masewero a maninja. Ndegeyo idasweka pafupi ndi phiri la Fuji ndipo anthu onse 124 adafa.

Atabwerera, Broccoli adamufunsa ngati madola 1 miliyoni angakwane kumanga phirilo, ndalama zofanana ndi zimene zidapangira Dr. No yonse. Adam adavomera, kenako tulo tidamusowa. Padalibe nyumba yojambuliramo imene ikadakwana, choncho adalimanga panja, kuseri kwa Pinewood. Lidadya matani 700 a zitsulo, lidapyola mamita 35 kutalika, ndipo linkaoneka munthu ali makilomita angapo. Mkati mudali kasitima koyendadi pa njanji imodzi, roketi yaikulu, ndi bwalo limene helikopita yeniyeni inkatera kudzera pa denga lija. Makompyuta ojambulira zinthu zosakhalapo kudalibe. Anthu ambirimbiri amene mumawaona akutsika pa zingwe kuchokera kudenga adatsikadi pa zingwe. Chikadagwa chinthu chimodzi, akadafa anthu, ndipo mlandu ukadakhala wa amene adajambula pulani. Kujambula kutatha, adaliphwasula.

Pakati pa mafilimu a Bond adakonza galimoto youluka ya Chitty Chitty Bang Bang mu 1968, ndi nyumba yodzaza zidole ya Sleuth mu 1972. Kenako adachita chimene adalumbira kuti sadzachitanso: adabwerera kwa Kubrick.

Barry Lyndon, nkhani ya m'zaka za m'ma 1700, idali yotsutsana ndi chibadwa chake chonse. Kubrick sankafuna chomanga. Ankafuna nyumba zenizeni zakale, ndipo mbali zina azijambule ndi kuwala kwa makandulo okha, pogwiritsa ntchito magalasi a kamera a Zeiss amene adapangidwira bungwe la NASA. Poyamba adaumirira kuti nyumbazo zipezeke pafupi ndi kwawo, kumpoto kwa London, ndipo anyamata ankayenda kujambula zithunzi zambirimbiri zoti iye aziona madzulo. Pambuyo pake gulu lonse lidasamukira ku Ireland. Chilichonse chimene Adam wasankha, Kubrick ankafuna chifukwa chake, ndi umboni wa m'zithunzi za nthawiyo. Munthu wozolowera kukhulupirira dzanja lake adapezeka akuyankha mafunso usana ndi usiku. Mutu udasokonekera, adadwala, ndipo adabwerera ku England kukagonekedwa m'chipatala. Filimuyo idatuluka mu 1975, ndipo chaka chotsatira Adam, pamodzi ndi Roy Walker ndi Vernon Dixon, adalandira Oscar. Iye mwini ankaona kuti n'zoseketsa kuti mphotho yaikuluyo idabwera pa filimu imene sadamangemo chilichonse chachikulu.

Apa pali khalidwe la opereka mphotho limene silidasinthe kwenikweni. Amalemekeza zakale, nyumba zachifumu ndi mipando ya golide, chifukwa pamenepo khama limaoneka ndipo ungathe kuyerekeza ndi mbiri. Chinthu chimene munthu wachitulutsa m'mutu mwake, m'filimu ya mfuti ndi magalimoto, amachiona ngati masewera. Pa mafilimu asanu ndi awiri a Bond amene Adam adakonza, imodzi yokha ndiyo idafika pa mndandanda wa Oscar pa ntchito yake, ndipo sidapambane. Oscar wake wachiwiri, mu 1995, udalinso wa nkhani ya m'ma 1700, The Madness of King George. Ndi ntchito yabwino, koma funsani aliyense wokonda mafilimu kuti akumbukira chipinda chiti m'menemo.

Filimu ya Bond imodzi ija, yofika pa mndandanda wa Oscar, idali The Spy Who Loved Me ya 1977. Nkhani yake inkafuna chombo chonyamula mafuta chimene chimameza sitima zitatu zoyenda pansi pa nyanja. Ataphunzira pa phiri lija, limene lidadya ndalama n'kuphwasulidwa, Adam adauza Broccoli kuti ulendo uno amange nyumba yokhalitsa mozungulira malo ojambulirawo. Ndimo mudabadwira 007 Stage, ya mamita oposa 100 m'litali, yokhala ndi dziwe lalikulu mkati, imene Harold Wilson, nduna yaikulu yopuma ya Britain, adaitsegulira pa 5 Disembala 1976. Vuto lidali kuunikira. Malowo adali aakulu ndi onyezimira paliponse, ndipo maso a wojambula ndi kamera, Claude Renoir, adali atayamba kufooka. Adam adaimbira foni munthu yemwe uja adamudwalitsa. Kubrick adavomera pokhapokha wina asadziwe, ndipo adabwera tsiku lina kulibe anthu, nakhala maola angapo akuyendera malowo ndi kulangiza poika nyali. Awiriwa adakhalabe mabwenzi mpaka Kubrick adamwalira mu 1999, koma sadapangirenso filimu limodzi.

Moonraker ya 1979, imene mbali yaikulu adaijambulira m'masitudiyo a ku Paris, idali Bond yake yomaliza. Udindowo udapita kwa Peter Lamont, amene adayamba ngati wolemba mapulani pansi pake pa Goldfinger, ndipo Lamont adadzapata Oscar wakewake pa Titanic. Ntchitoyi imaphunziridwa choncho, pa tebulo la mapulani la munthu wina, zaka zambiri dzina lako lisadakwere pamwamba. Adam adapitiriza ku America ndi ku Ulaya, ndipo filimu yake yomaliza, Taking Sides ya 2001, idamubwezera ku Germany kukamanganso Berlin ya mabwinja ya nkhondo itangotha. Mu 2003 Mfumukazi Elizabeth idamupatsa ulemu wa Sir, woyamba mwa anthu a ntchito yake kuulandira.

Zimene adamanga palibe chatsala chiimire. Malo ojambulirapo filimu ali ngati chisakasa cha paukwati: mwambo ukatha mitengo imazulidwa, malo ayere, ena amangepo chawo. Ngakhale 007 Stage yake idapsa mu 1984, n'kumangidwanso, n'kupsanso mu 2006 atangomaliza kujambuliramo Casino Royale; imene ilipo lero ndi yachitatu. Zidatsala ndi mapepala. Mu 2012 Adam adapereka zonse ku Deutsche Kinemathek, nyumba yosungira mbiri ya mafilimu ku Berlin: zojambula pafupifupi 4,000, zithunzi, makalata, mamendulo ake a ku RAF ndi ma Oscar ake awiri. Nyumbayo idazionetsa kwa anthu kuyambira mu Disembala 2014. Adam adamwalira kunyumba kwake ku London pa 10 Malichi 2016, ali ndi zaka 95.